Khunyu losagwetsa munthu

Pepani kuti ndalimba mtima kulemba. Sukulu ndinalekezera kilase yachisanu ndi chiwiri, ndipo kumeneko tinkalemba Chipwitikizi chokha. Chinyanja ndikulembachi ndinachiphunzira ndekha m'buku la nyimbo za kutchalitchi, choncho pamene ndalakwitsa mundikhululukire. Mundikhululukirenso polankhula za atate anga, amene akadali moyo ndipo ndimawalemekeza. Sindikuwaimba mlandu. Ndikungofuna kunena mmene ndinatsala pang'ono kufa, poyamba ndi dzanja lawo, kenaka ndi maganizo anga, chifukwa cha matenda amene tonse sitinkawadziwa.

Kwathu ndi kumudzi wina wa ku Chiputo, kumene galimoto sifika mvula ikayamba. Atate anathawira ku Zambia nthawi ya nkhondo ali mnyamata, ndipo anabwerako ndi amama, njinga ndi Baibulo. Kumsasa wa othawa nkhondo anaona ana akutukwana makolo awo pamzere wolandirira chakudya, nalumbira kuti mwana wawo sadzatero. Alongo anga awiri atakwatiwa ndinatsala ndekha pakhomo. Ndinali mwana wamanyazi. Atate akakhosomola ndinkaimirira, poganiza kuti mwina akufuna kundituma.

Zinayamba ndili ndi zaka khumi ndi zisanu. Tsiku lina masana ndinagwada kuti ndiwasambitse m'manja, monga ndinkachitira tsiku ndi tsiku. Ndili mkati mothira madzi ndinamva chinthu chikukwera kuchokera m'mimba kulinga pakhosi. Fungo la tayala lopsa linandidzaza m'mphuno. Kenaka mantha anandigwira, pomwe choopsa panalibe. Ndinaona ngati zonsezi zinachitikapo kale, madzi omwewo, nkhuku yomweyo ikudutsa kumbuyo kwa mpando wawo. Zimene zinatsatira sindikuzidziwa. Ndinadzidzimuka ndili chagada pafumbi, khutu lakumanzere likulira, beseni lili uko.

"Bwereza," anatero atate. "Bwerezanso ndimve."

Mawu ankandithawa. Ndinawasaka mpaka ndinapeza ochepa.

"Ndibwereze chiyani, atate?"

Anandiponda m'nthiti.

Amama ndi amene anandifotokozera pambuyo pake, akunditsuka khutu ndi madzi ofunda. Anati ndinawayang'ana atate m'maso osaphethira, ndi kuyamba kutsonya. Katatu, kanayi. Zala zanga zinali kutosatosa batani la malaya, madzi akuthira pamapazi awo. Atate anandiitana katatu, ine osayankha, milomo ikungolira.

"Mwana wanga, wazitenga kuti zimenezi? Kutsonya atate ako? Ngakhale galu sutsonya chonchija."

Ndinawakhulupirira, chifukwa amama sanama. Ndinapita kukagwada pamaso pa atate ndi kupepesa chinthu chimene sindinkachikumbukira.

Chinabweranso patatha milungu iwiri, kenaka chinazolowera. Mwezi wina kawiri, mwezi wina kasanu. Sindinkagwa pansi ndiponso sindinkachita thovu. Ndinkangoima, kapena kukhala monga ndinakhalira, maso ali tong'o, milomo ikugwira ntchito yake. Ndikamva fungo lija ndinkayesa kuthawira kuseri kwa nkhokwe, koma nthawi yake inali yochepa, yongokwana kupuma katatu. Kawirikawiri ndinkadzidzimuka ndodo zili mkati. Ndinkadziwira kupweteka kwake kuti lero ndi lamba, kapena ndi tcheni chakale cha njinga chimene chinkakhala pamsomali kukhonde. Ana anzanga akandiona ndikupita kudimba ankakuwa kuti, "Tsonya tione! Tsonya kamodzi kokha, atate ako kulibe!" Ndinkaseka nawo kuti asakhumudwe.

Lamulungu lina chinandigwira m'tchalitchi, atate ali kutsogolo akupemphera, pakuti ndi mkulu wa mpingo. Anthu onse anali chete, choncho onse anamva. Atate anamaliza pemphero lawo bwinobwino mpaka ameni. Titafika kunyumba anavula jekete, nalipachika mosamala, nandimangirira kumtengo wa mango ndi luzi lonyowa. Anandimenya mpaka tcheni chinawathupsa m'manja, nasintha dzanja. Pa chikwapu chilichonse ankafunsa kuti, "Ndinakulakwira chiyani?" Amama anagwada pafupi akuomba m'manja.

"Atate ake, mupha mwana. Chonde, atate ake."

"Ndikapanda kumuongola ine, adzamuongola ndani? Apolisi?"

Luzi litauma linandidula m'manja. Zipsera zake zilipo mpaka lero.

Chinthu chachiwiri chinalowa mwakachetechete, moti sindingathe kunena mwezi wake. Chikandigwira chija, ndinkakhala masiku awiri kapena atatu mtima uli wolemera ngati ndamwa mchenga. Poyamba kulemerako kunkachoka. Pambuyo pake masiku olemera anayamba kulumikizana, mpaka panalibenso mpata pakati pake. Chakudya chinkakoma ngati gaga. Kukacha ndinkayang'ana denga la gowelo langa, ndikudziwa kuti ndiyenera kudzuka, koma miyendo inali ngati ya munthu wina. Mbuzi ikalira, misozi inkangotuluka. Sukulu ndinasiya popanda wondiletsa. Ndinkaganiza kuti ndodo ndi zimene zikundilemetsa mtima, koma atate atapita ku Malowera mwezi wathunthu kukathandiza mlamu wanga kumanga nyumba, mdima uja sunachoke. Nthawi zina unkakula kutatsala tsiku limodzi kuti chinthucho chibwere, moti ndinkadziwiratu. Atate anautcha ulesi, ndipo ulesi unalinso ndi ndodo zake. M'mawa wina anandikoka mwendo kundichotsa pamphasa mpaka pabwalo, nandithira ndowa ya madzi ozizira. Ndinawathokoza, ndi kutenga khasu.

Ndinkakhulupirira kuti mkati mwanga muli mwana wina woipa, amene amadana ndi atate ndipo amadikira kuti ine ndiyang'ane kumbali. Ndinkapemphera kuti ndodo zimufike iyeyo.

Ndili ndi zaka khumi ndi zisanu ndi zitatu, m'chilimwe, ndinavulaza amama. Ankasinja pabwalo, ine ndikuwapepetera. Fungo linabwera. Amama ataona milomo yanga yayamba, ndi atate akutulukira kunjira ya kudimba, anandigwira mikono yonse iwiri kuti andikokere kuseri kwa nyumba asanandione. Akuti ndinawakankha ndi mphamvu imene sankadziwa kuti ndili nayo. Anagwera pamlomo wa mtondo. Nditadzidzimuka ndinaona ufa wofiira m'lichero, amama atagwira pakamwa, mano awiri ali pansi. Atate anali akubwera chothamanga, khasu lili m'manja.

Sanandimenye ndi kuchitsulo. Anandimenya ndi kumpini, ndipo ndimawathokozabe pa chimenecho. Ndinatchinga mutu ndi mkono, mkonowo unalira ngati nthambi youma. Sindinathawe. Ndinaona kuti n'zoyenera, ndipo kanali koyamba kulakalaka kuti asaleke mpaka amalize. Anawagwira ndi amuna awiri okumba golide amene ankadutsa ndi matumba awo. Mmodzi anati, "Madala, ngati mwatopa naye tipatseni, kumigodi anthu akuchepa." Yemweyo ndiye anatitenga panjinga yake yamoto, ine ndi amama, kupita kuchipatala cha kuposto, kumene kuli maofesi a boma a dera lathu. Atate anatsatira panjinga, atandiuza kuti ndikanene kuti ndagwa mumtengo.

Tinapeza atekiniko, amene ndiwo adokotala a kumeneko, mayi wamfupi wa magalasi, wolankhula mosapsatira. Atasoka amama mlomo anandivula malaya, nayang'ana msana wanga nthawi yaitali.

"Wati wagwa mumtengo?"

"Inde, mayi."

"Mtengo wake umabala matcheni?"

Atate anali atafika, ataima pakhomo ndi chipewa m'manja. Atekiniko anayamba kumanga mkono wanga, ndipo ali mkati momanga, fungo la tayala linabwera. Ndinafuna kuwachenjeza kuti asakhumudwe nane, koma nthawi inandichepera.

Nditadzidzimuka, palibe pamene pankapweteka mwatsopano. Ndinadzifufuza thupi lonse, osakhulupirira. Atekiniko anali atakhala pampando akuyang'ana wotchi yawo, dzanja lina atalitambasula kutsekereza atate.

"Zimenezi zinayamba liti?" anafunsa.

"Mwano umenewu? Chaka chachitatu chino," anatero atate. "Mwadzionera nokha. Angakhale inu sakukuopani."

"Si mwano, bambo. Ndi khunyu."

"Khunyu ndimalidziwa, mayi. Kumsasa tinali naye wina. Munthu amagwa, amaphupha, amachita thovu. Uyu wagwa pati?"

"Limenelo ndi mtundu umodzi. Ili limayambira apa." Anandigwira pambali pa mutu, pamwamba pa khutu. "Likamugwira sadziwa chimene akuchita. Milomoyo imadzichitira yokha, zalazo chimodzimodzi. Mukamugwira mwamphamvu thupi limakankha, silidziwa kuti awa ndi amayi ake. Mayi, mwanayu ali wakhanda sanadwalepo malungo aakulu okomoka nawo?"

Amama anagwedeza mutu kuvomera, misozi ikutsikira pansalu yomanga pakamwa.

Atekiniko anafotokoza zambiri. Anati matendawa sapatsirana, ndipo anabwereza kawiri. Anatinso mbali ya ubongo imene khunyu langa limayambira ndi yomweyo imene imagwira za mantha ndi chisoni, choncho anthu ambiri odwala mtundu umenewu amadwalanso matenda a mtima wolemera, osafuna kudya, osafuna kudzuka, ena mpaka kufuna kufa. Anati amenewo ndi matenda enanso, ofunika mankhwala akeake, osati ulesi. Kenaka anatembenukira kwa ine.

"Nanga iwe mng'ono wanga, mumtima muli bwanji? Umagona? Umadya? Unayamba waganizapo zodzipha?"

Atate anali pakhomo pomwepo. Amama anali ndi mlomo wosokedwa chifukwa cha ine. Ndinaona kuti ndawavutitsa mokwanira tsiku limenelo.

"Ndili bwino, mayi."

Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi, nalemba, nandipatsa timapiritsi toyera.

Kuyambira tsiku limenelo atate sanandimenyenso chifukwa chotsonya. Tcheni anachichotsa pamsomali. Koma mawu akuti khunyu anali atalowa pakhomo, ndipo kwathu aliyense amadziwa, kapena amati amadziwa, kuti khunyu limayenda m'malovu a wodwala. Zimene ananena atekiniko zinatsala kuposto. Anandipatulira kopo yanga ndi mbale yanga, nazimanga kawaya kuti zisasokonekere ndi zina. Ntchito yowasambitsa m'manja inandichokera. Pamphasa yanga sipankakhalanso munthu. Alongo anga akabwera kudzacheza ankaitana ana awo ndikangowayandikira, ndipo ana amene kale ankandinena anayamba kulambalala njira. Amama ankabwera kugowelo atate akachoka, koma ndikawaona akutseka pakamwa ndi dzanja poseka, ndinkatembenukira kukhoma. Atate ankandilankhula ali pataliko, maso ali pansi, ngati akulankhula ndi mpongozi. Tsopano ndimaganiza kuti mwina anali manyazi pa zimene anandichita, osati mantha okha. Nthawi imeneyo sindinkaona zimenezo.

Mapiritsi anagwira ntchito. Chinthu chija chinayamba kubwera kamodzi pa miyezi iwiri, ndipo anthu ankati ndachira. Koma mdima unakula kuposa kale. Ndinkapita ndekha kuposto kukatenga mankhwala, ulendo wa tsiku lathunthu wapansi. Atekiniko ankawerenga timizere timene ndinkalemba chikandigwira, nasangalala.

"Taona, kamodzi kokha! Ukuyenda bwino iwe. Nanga mumtima?"

"Ndili bwino, mayi."

Anali munthu yekhayo amene ankandigwira paphewa, ndipo sindinafune kumuwonongera chimwemwe chake. Ndinayankha choncho ulendo uliwonse, kwa chaka ndi miyezi.

Ndikuchita manyazi ponena izi, koma ndinayamba kulakalaka ndodo. Pondimenya, atate ankandiyesa mwana wawo woti angaongoke. Tsiku lina chimanga chitayamba kukhwima tinali m'munda awiri, iwo mzere wawo, ine wanga, patali. Ndinayenda mpaka kukaima patsogolo pawo. Fungo kunalibe, ndinali ndi nzeru zanga zonse. Ndinawayang'ana m'maso ndi kutsonya, kamodzi, mokweza. Kanali koyamba m'moyo wanga kuchita zimenezo ndikudziwa. Dzanja lawo linakwera lokha mpaka paphewa, ndipo ndinatseka maso kudikira. Nditatsegula anali atabwerera m'mbuyo mapazi atatu, akupukuta tsaya ndi mkono wa malaya, poopa kuti mwina malovu awagwera.

"Pita ukamwe mankhwala ako," anatero.

Kumunsi kwa dimba lathu okumba golide anasiya maenje akuya m'mbali mwa mtsinje, ndipo mvula inali itawadzaza. Ndinadikira tsiku la chikondwerero cha amayi, pamene akazi onse a m'mudzi amavala makapulana, nsalu zija ena amati zitenje, ofanana ndi kupita kukavina kuposto. Amama ananyamuka ndi anzawo dzulo lake. Sindinafune kuti adzakhale iwo ondipeza. M'mawa ndinasesa gowelo, ndinatsuka kopo ndi mbale, ndi kuzivundikira pakhonde la atate kuti asadzavutike kuzifuna pozitaya. Dzuwa linali litakwera pang'ono pamene ndinatsetserekera kumtsinje.

Za m'madzimo sindifotokoza. Chimene ndikukumbukira ndi kukokedwa kolala mpaka malaya anang'ambika, kenaka kukokedwa tsitsi, kenaka mkono uja unathyoka kale, ndi msana wanga ukukhulika pamiyala ya m'mphepete mwa dzenje. Atate anali ataona mbale pakhonde natsatira mapazi anga m'mame. Anandigwetsa pansi, nandikanikiza pachifuwa ndi bondo. Anandipisa zala m'kamwa kuchotsa matope, mpaka kummero, ndipo ndinasanzira padzanja lawo. Nditayamba kupuma anandiwomba mbama. Anandiwombanso kutsaya linalo.

"Wakuuza ndani?" ankakuwa. "Wapempha kwa ndani? Ine ndakuloleza? Yankha!"

Anandigwedeza mpaka mano anga analumana, kenaka anandisiya, nakhala pansi m'matope. Ndevu zawo zinali kudontha. Anayang'ana dzanja lawo lamanja, lodzaza malovu ndi masanzi anga, ndipo nkhope yawo inasintha. Anakwawira kumtsinje, nayamba kulikwecha ndi mchenga. Anakwecha mpaka m'zala munatuluka magazi. Ndinawaonerera ndili chigonere. Atamaliza anabwera, nandinyamula kumsana ngati mwana wakhanda, pakamwa panga pali pakhosi pawo, mpaka kunyumba kumene kunali njinga.

Tinafika kuposto dzuwa litapendeka, ng'oma zikulirabe pabwalo la sukulu. Atekiniko anachita kukawaitana kugule, nabwera atamanga kapulana, thukuta lili kamukamu. Anandiyang'ana ine, matope ndi masaya otupa, nayang'ana atate.

"Mtengo uja wabalanso?"

"Mbamazo ndi ine, mayi," anatero atate. "Koma m'dzenje analowa yekha. Tsiku lija munamufunsa funso ine ndili pakhomo apa. Mufunseninso. Ine ndikakhala panja."

Anatuluka, natseka chitseko. Atekiniko anandimvetsera m'chifuwa ndi chipangizo chawo, nandifunditsa bulangete, nakoka mpando mpaka mawondo athu anagundana.

"Tsopano tamvera, mng'ono wanga. Ukangonena kuti uli bwino, ndikubaya jakisoni wa ng'ombe. Mumtima muli bwanji?"

Pakamwa panga panali patakonzeka kale ndi yankho lakale. Ndinalimeza. Ndinati, "Pepani mayi, ndakhala ndikukunamizani." Zotsalazo zinatuluka movuta, pang'onopang'ono, ndipo anadikira osandifulumizitsa. Ndinanena za denga la gowelo, za chakudya chosakoma, za kutsonya kwa m'munda. Nditamaliza anavula magalasi napukuta m'maso. Anati nawonso anayenera kundifunsa ndili ndekha kuyambira pachiyambi, ndi kusakhutira ndi yankho limodzi. Anandiuza kuti khunyu langa ndi mdima wanga zimachokera pamalo amodzi ndipo zimadyetsana, kuti kuchepa kwa chimodzi sikutanthauza kuti chinacho chatha, ndiponso kuti mankhwala ena a khunyu amatha kuwonjezera kulemera kwa mtima. Analemba kalata yoti ndikaonedwe kuchipatala chachikulu ku Fingoe. Kenaka anaitana atate ndi amama, amene anali atamva kale ali kugule, nawakhazika pabenchi. Anatunga madzi m'kopo, nandipatsa kuti ndimwe, otsalawo anamwa iwo makolo anga akuona.

Ku Fingoe anandisinthira mankhwala a khunyu nandiwonjezera ena a mtima wolemera uja. Mdima sunachoke msanga. Panapita miyezi itatu ndisanamve njala yeniyeni, ndipo mpaka lero umabwera masiku ena, koma ukabwera ndimanena. Amama anamasula kawaya pa mbale yanga. Atate amamwerabe kopo yawoyawo, ndipo sindiwakakamiza. Ndi iwo amene amandikweza panjinga tsiku lokatenga mankhwala likafika, ndipo panjira sitilankhula zambiri.

Mbama ziwiri za kumtsinje zija zinali zomaliza, ndipo kumaenje kuja sindinapitekonso ndi maganizo amenewo. Tsikulo linalembedwa pakhadi langa lakuchipatala ndi dzanja la atekiniko. Linali Lachinayi, pa 7 Epulo, chaka cha 2022.